Ufa wa ku Joni wolembedwa GMO: kodi ndiwaphikire adzukulu?

Funso lochokera kwa mayi wa ku Mabvuku, mu mzinda wa Harare ku Zimbabwe:

"Ndimalera adzukulu atatu. Mwana wanga ali ku Johannesburg ndipo mwezi ndi mwezi amatitumizira katundu pa basi: thumba la ufa, mafuta ophikira, nyama ya soya ndi tina n'tina. Mdzukulu wamkulu wandiwerengera pathumba la ufalo kuti muli GMO. Pagulu lathu la amayi a kutchalitchi pa WhatsApp wina anaponya chithunzi cha makoswe otupa thupi lonse, ati ndi GMO imeneyo: imayambitsa khansa, imalepheretsa anthu kubereka, ndiponso ikuchititsa atsikana kutha msinkhu akadali ana. Kodi ufawu nditaye? Nanga mabuloyila ndi matimati akuluakulu a ku Mbare Musika, nazonso ndi zomwezo?"

Yankho:

Mayi, ufawo musataye. Ikani madzi pamoto, phikani nsima, adzukulu adye. Ndayambira pamenepo chifukwa ana sadikira kuti nkhani ithe. Koma mwafunsa zambiri, ndipo funso lanuli ndimakumana nalo kawirikawiri pantchito yanga yoyeza zakudya, choncho tikhale pansi. Mnzanu amene anaponya chithunzicho musamuone moipa, paja wakutsina khutu ndi mnansi. Kungoti chimene wakuchenjezanicho si chimene chili ndi ngozi yeniyeni m'khitchini mwanu.

Chamoyo chilichonse, kaya chimanga, nkhuku kapena munthu, chili ndi malangizo a chibadwa m'maselo ake, otchedwa DNA. Malangizowa alimi akhala akuwasintha kuyambira kalekale asakudziwa dzina lake. Agogo athu akamasankha chimanga chachikulu chokhwima bwino n'kuchipachika pamwamba pa moto kuti chidzakhale mbewu, ankasankha chibadwa. Pa GMO asayansi amatenga kachidutswa ka DNA, nthawi zambiri kochokera ku chamoyo china, n'kukalowetsa mu mbewu ali mu labotale, kuti mbewuyo ikhale ndi khalidwe limene inalibe. Mbewu zoterezi zinayamba kulimidwa kwambiri mu 1996, ndipo mpaka lero pafupifupi minda yonse ya GMO padziko ndi ya mbewu zinayi: chimanga, soya, thonje ndi canola, mbewu yoyengera mafuta ophikira.

Chimanga cha ku South Africa chinasinthidwa m'njira ziwiri. Yoyamba ndi ya Bt, chidule cha dzina la bakiteriya wa m'dothi, Bacillus thuringiensis, amene amapanga puloteni yopha mbozi. Kachidutswa ka DNA kopangitsa puloteniyo anakaika m'chimanga, ndiye kapuchi akangodya tsamba kapena kuboola phesi, amafa. Anthu ambiri amaima pomwepa n'kufunsa kuti chopha mbozi chingaleke bwanji kupha munthu. Nkhani ili m'mimba. M'matumbo a mbozi mulibe asidi ngati m'mimba mwathu. Puloteniyo ikafika mmenemo imasungunuka, n'kukakamira pa timalo tina ta khoma la matumbo, n'kuliboola. Timalo timeneto munthu alibe, ng'ombe ilibe, nkhuku ilibe. Kwa ife puloteni ya Bt imakumana ndi asidi wamphamvu n'kugayika pamodzi ndi ya nyemba ndi ya dzira. Komanso si yachilendo kumunda: bakiteriya yemweyu anayamba kugulitsidwa ngati mankhwala opopera ku France mu 1938, ndipo alimi amene amakana mankhwala a m'fakitale amamupopera pa kabichi mpaka lero. Njira yachiwiri ndi yoti chimanga kapena soya zisafe zikapoperedwa mankhwala opha udzu a glyphosate. Imeneyo ndibwereranso, chifukwa ndili nayo mawu.

Ena amaopa kuti DNA yachilendoyo ilowa m'magazi n'kusintha chibadwa cha mwana. DNA timaidya tsiku lililonse. Ili mu nkhwani, mu usipa, mu mango, ndipo imagayika m'matumbo. Palibe anamerapo mamba chifukwa chodya chambo. Mbatata yomweyi, asayansi anapeza mu 2015 kuti ili ndi tizidutswa ta DNA ya bakiteriya timene tinalowamo tokha zaka zikwi zapitazo. Za mafuta ophikira ndiye musade nazo nkhawa n'komwe, chifukwa akayengedwa puloteni ndi DNA zimatsalira kunja, moti mafuta a soya wa GMO ndi a soya wamba n'chimodzimodzi.

Tipite ku Mbare. Kuno munthu akaona chinthu chachikulu, chokula msanga kapena chosakoma, amangoti GMO. Koma Zimbabwe silola alimi kudzala mbewu za GMO. Chimanga cha Seed Co, chija kuno amati Tsoko, Shumba, Nzou, kumudzi ku Malawi n'kumati Kanyani, Mkango, Njobvu, ndi haibulidi: mitundu iwiri ya chimanga imakwatitsidwa m'munda kudzera mu mungu wa ngayaye. Luso limeneli ndi lakale m'dziko lino, SR52 inatuluka kuno mu 1960, GMO isanalotedwe. Chimanga chachikasu cha chilala cha 1992, chija ankati Kenya, chimene ambiri amachikumbukira atakwinya nkhope, sichikanakhala cha GMO chifukwa panthawiyo chimanga chotero kunalibe pamsika. Chimanga cha olenji ndi mbatata yofiira mkati, zimene amalimbikitsa chifukwa cha vitamini A, nazonso n'zokwatitsa chabe. Matimati a ku Mutoko ndi ku Domboshava amakula chifukwa cha mbewu ya haibulidi, feteleza ndi madzi. Mabuloyila amakwana kupha pa masabata 6 chifukwa kwa zaka zambiri oweta ankasankha nkhuku zokula msanga n'kumazibereketsa, kuphatikizapo chakudya chokwanira. Nkhukuyo sinalowe mu labotale. Zoti sikoma ngati yachikuda, apo sindikutsutsani.

Ndi maso kapena lilime simungasiyanitse. Ife tikafuna kudziwa timasinja njere zingapo, n'kuzikhutchumula m'kabotolo ka madzi, n'kuviikamo kapepala koyezera kofanana ndi kaja ka malungo. Pakapita mphindi zochepa, mzere ukaoneka umodzi ndiye kuti mulibe, iwiri ndiye kuti puloteniyo ilimo. Mawu a pathumba lanu si chenjezo la dokotala. Lamulo loteteza ogula la ku South Africa limafuna kuti chakudya chokhala ndi GMO yokwana 5 peresenti kapena kuposa chilembedwe, kuti munthu adziwe chimene akugula. Mdzukuluyo akawerenga mpaka pansi apezanso kuti ufawo anathiramo vitamini A, ayironi, zinki ndi folic acid, monga lamulo la kumeneko lakhala likufunira kuyambira 2003. Kwa ana atatu okula, zimenezo n'zofunika kuposa zilembo zitatu zija.

Mantha athu ali ndi mbiri yake, ndipo si yopusa. Mu 2002, njala itavuta m'chigawo chino, America inatumiza chimanga cha chithandizo chosakanikira ndi cha GMO. Pulezidenti Levy Mwanawasa wa Zambia anachikana, n'kuchitcha poizoni. Zimbabwe, Malawi ndi Mozambique anachilandira koma anati chigayidwe kaye chisanagawidwe. Mfundo imeneyo ikuululira zambiri, chifukwa chigayo sichichotsa poizoni m'chakudya. Chimene maboma atatuwa ankaopa kwambiri n'chakuti anthu adzala njerezo, mungu wake ufalikira m'minda ina, ndiyeno misika ya ku Ulaya iyamba kukana zokolola zathu. Mu 2006 Zimbabwe inakhazikitsa lamulo la National Biotechnology Authority, bungwe lopereka zilolezo za katundu wotere. Chilala cha 2019 chitafinya, boma linalola chimanga cha ku South Africa kulowa, pa mfundo yomwe ija yoti chipite kuchigayo osati kumunda. Ngati munagulako ufa wa m'sitolo mu 2020, n'kutheka kuti GMO munaidya kale.

Funso limodzi la nthawi imeneyo linali lomveka ndithu. Anthu ankati ku America chimanga chambiri amadyetsa ziweto, pamene ife nsima ndi ya masana ndi madzulo, phala m'mawa, ndiye zoyezedwa kumeneko zingatiuze chiyani? Yankho labwera kuchokera kutsidya kwa Limpopo. South Africa inayamba kulima chimanga choyera cha Bt cha m'ma 2001, ndipo lero chimanga chake choposa 80 peresenti ndi cha GMO. Anthu mamiliyoni ambiri, mwana wanuyo ali momwemo, akhala akudya nsima yake tsiku ndi tsiku kwa zaka zoposa 20, ndipo palibe matenda amene apezeka kuti gwero lake ndi chimangacho. Mu 2010 European Commission, nthambi ya European Union, mgwirizano wa maiko a ku Ulaya kumene anthu ambiri sakonda GMO, inasonkhanitsa zotsatira za ntchito zofufuza zoposa 130 za zaka 25, zochitidwa ndi magulu oposa 500, n'kupeza kuti njirayi payokha si yoopsa kuposa kukwatitsa mbewu mwa masiku onse. Mu 2016 bungwe la asayansi la National Academies la ku America linaunika zolemba za kafukufuku zoposa 900. Linayerekezeranso America ndi Canada, kumene GMO amadya kuyambira 1996, ndi Britain ndi maiko a kumadzulo kwa Ulaya, kumene amadya yochepa kwambiri. Pa khansa, matenda a impso, kunenepa kwambiri ndi ziwengo za chakudya, sanaone kusiyana koloza ku GMO. World Health Organization nayo imanena kuti zakudya za GMO zimene zili pamsika wa maiko zinayezedwa ndipo sizikuoneka kuti zingavulaze munthu.

Tsopano makoswe aja. Chithunzicho si chopeka. Chinachokera pa kafukufuku wa Gilles-Éric Séralini wa ku France, wofalitsidwa mu 2012, amene anadyetsa makoswe chimanga cha GMO chotchedwa NK603 kwa zaka ziwiri. Vuto linali pa makoswewo. Anali a mtundu wa Sprague-Dawley, umene ukakalamba umatuluka zotupa wokha, udye chilichonse. Zaka ziwiri kwa khoswe ndi ukalamba. Gulu lililonse linali la makoswe 10 okha, ochepa kwambiri moti sungadziwe ngati zotupazo zabwera ndi chakudya kapena n'zongochitika. Makoswe osadya GMO nawonso anatupa, koma pachithunzi chimene chimayenda m'mafoni iwo palibe. Magazini imene inasindikiza inabweza nkhaniyo mu 2013 ponena kuti umboni wake sukutsimikizira kanthu, ngakhale ina inadzaisindikizanso mu 2014. Chimene uthenga wa pa WhatsApp sunena n'chakuti European Union ndi boma la France anaika ndalama kuti asayansi ena ayezenso, kuphatikizapo kafukufuku wa zaka ziwiri pa chimanga chomwecho ndi makoswe ochuluka, ndipo sanapeze khansa kapena vuto lina lochokera m'chimangacho. Koma chithunzi chimathamanga kuposa lipoti. Dziko la Kenya linaletsa GMO mu 2012 potsatira nkhani yomweyi, ndipo boma linadzachotsa chiletsocho mu 2022.

Za kubereka, mboni zabwino ndi ziweto. Kuyambira 1996 nkhuku, nkhumba ndi ng'ombe za ku America zakhala zikudya chimanga ndi soya wa GMO, m'badwo ndi m'badwo, ndipo mlimi wa ziweto amawerenga mazira ndi ana a ng'ombe chifukwa ndi pomwe pali ndalama zake. Asayansi a University of California ku Davis anaunika mu 2014 mbiri ya ziweto zoposa mabiliyoni 100, asanayambe kuzidyetsa GMO ndi atayamba, osapeza kuti thanzi kapena phindu lake latsika. Atsikana kutha msinkhu msanga ndi zoona zikuchitika, koma zinayamba kale. Ku Ulaya m'zaka za m'ma 1800 mtsikana ankakula ali ndi zaka 16 kapena 17, pofika m'ma 1960 zinali zitatsikira pa 13, GMO kulibe. Zimayendera limodzi ndi kudya mokwanira ndi kulemera kwa thupi. Khansa imene imapha amayi ambiri kuno ndi ya khomo la chiberekero, ndipo imayamba ndi kachilombo ka HPV. Ngati mwa adzukuluwo muli mtsikana, funsani za katemera wake kukiliniki, ndipo amayi a pagulu lanu azikayezetsa.

Sindikunena kuti chilichonse chotuluka mu labotale n'chabwino. Puloteni yatsopano ingathe kuyambitsa ziwengo, ndipo zinatsala pang'ono kuchitika. Kampani ina inaika mu soya kachidutswa kochokera ku mtedza wa Brazil nut kuti chakudya cha ziweto chikhale chopatsa thanzi. Poyeza, mu 1996, anapeza kuti anthu odana ndi mtedzawo adananso ndi soyayo, ndipo sinafike pamsika. Mu 2000 chimanga cha StarLink, chololedwa kwa ziweto zokha, chinapezeka m'zakudya za anthu ku America, katundu wambiri n'kubwezedwa, ngakhale oyeza sanapeze umboni woti chinadwalitsa munthu. Nkhani ziwirizi zikusonyeza chifukwa chake mbewu iliyonse iyenera kuyezedwa payokha, ndiponso kuti njere zikalowa mumsika n'zovuta kuzilekanitsa. Chimene sindikondwera nacho n'chakuti mapepala ambiri opemphera chilolezo amakonzedwa ndi makampani eni mbewu. N'chifukwa chake ndimalemekeza kwambiri kafukufuku wolipiridwa ndi maboma, ndipo ndimafuna mabungwe athu akhale ndi malabotale ndi ndalama zoyezera okha.

Glyphosate uja. Mbewu yosafa ndi mankhwala opha udzu imalimbikitsa kupopera kwambiri, walira mvula walira matope. Mu 2015 nthambi ya World Health Organization yofufuza za khansa inaika glyphosate m'gulu la zinthu zimene mwina zimayambitsa khansa. Chaka chotsatira komiti ina ya bungwe lomwelo pamodzi ndi FAO, bungwe la United Nations loona za chakudya ndi ulimi, inati pa mlingo wotsalira m'chakudya sizikuoneka kuti angayambitse khansa, ndipo European Union inawonjezera chilolezo chake ndi zaka 10 mu 2023. Mmene ine ndimaonera, amene ali pangozi si wodya nsima koma wopopera. Ndipo wopoperayo sali ku South Africa kokha. M'timinda ta m'mbali mwa misewu ya Harare muno anthu amapopera mankhwala opha udzu pa minda ya chimanga wamba, atavala kabudula ndi masilipasi, akusakaniza ndi dzanja, botolo n'kukalisunga m'nyumba momwe muli ana. Ena mwa mankhwalawo, monga paraquat, ndi oopsa kwambiri kuposa glyphosate.

Mikangano yeniyeni ya GMO ili kumunda ndi m'thumba la mlimi. Mbewu zake n'zodula, zili ndi eni ake, ndipo msika wa mbewu padziko uli m'manja mwa makampani ochepa monga Bayer, imene inagula Monsanto mu 2018, Corteva ndi Syngenta. Mbozi nazo sizigona: pofika 2007 kapuchi wa ku South Africa anali atayamba kupirira chimanga choyamba cha Bt. Burkina Faso inasiya thonje la Bt mu 2016 chifukwa ulusi wake unali waufupi ndipo mtengo unagwa. Malawi inalola thonje la Bt ndipo alimi anayamba kulidzala cha m'ma 2019. Munthu angathe kukana GMO pa zifukwa za ufulu wa mbewu ndipo ndingamumvetse. Koma imeneyo ndi nkhani ina, si yoti mwana adwala akadya.

Chimene ndikufuna muziope, mayi, ndi chuku. Tengani chimanga cha m'munda chimene kapuchi kapena ntchemberezandonda anaboola, musende makoko. Kunsonga, pamene panalowera mbozi, muona njere zodyeka, zina zoyera ngati thonje, zina zofiirira, zina zobiriwira ngati fumbi. Bowa ameneyo amatulutsa poizoni. Wobiriwirayo amapanga aflatoxin, amene amawononga chiwindi n'kuyambitsa khansa, makamaka kwa munthu amene ali kale ndi hepatitis B, ndipo mwa ana amayendera limodzi ndi kupinimbira. Mu 2004 kum'mawa kwa Kenya anthu 317 anadwala ndipo 125 anamwalira atadya chimanga chawochawo chosungidwa chisanaume. Mu 2024 ku Zambia agalu mazana anafa ndipo ufa wa zigayo zina unachotsedwa pamsika chifukwa cha poizoni yemweyu. Woyera ndi wofiirirayo amapanga fumonisin, amene asayansi akhala akumukayikira pa khansa ya kummero kuyambira pamene anaona kuchuluka kwake ku Transkei, dera la ku South Africa, ndipo Malawi ndi limodzi mwa maiko amene khansa imeneyi ndi yochuluka kwambiri. Chodabwitsa kwa ambiri n'chakuti chimanga cha Bt, popeza mbozi sizichiboola kwambiri, nthawi zambiri chimapezeka ndi fumonisin wochepa kuposa chimanga wamba.

Poizoni wa chuku safa ndi moto. Mungaphike nsima mpaka itanunkha, mungakazinge mtedza mpaka utapsa, amakhalamobe. Choncho thumba likatsika m'basi muzilinunkhiza ndi kuligwira. Ngati lanyowa panjira, ufa uli mibulumibulu kapena ukununkha chinyontho, umenewo ndiye wotaya, kaya ndi wa GMO kaya ayi. Musaliike pasimenti, liikeni pathabwa. Chimanga cha m'munda mwanu muzichiumitsa pamphasa kapena papepala la pulasitiki, osati padothi, mpaka njere ikamalira mukailuma. Muzisankha n'kutaya zowola musanapite kuchigayo. Njira ya makolo yokonola, kuviika mphale, kutsuka ndi kuyanika imachotsa gawo lalikulu la poizoniyu, chifukwa wambiri amatsalira m'madeya ndi m'madzi otayawo. Mgaiwa uli ndi zofunika m'thupi zambiri, inde, koma umafuna chimanga chosankhidwa bwino.

Mtedza ndiye wovuta koposa. Ogulitsa ena amauwaza madzi kuti usavute kuswa kapena kuti ulemere, ndipo chuku amayambira pomwepo. Wabwino amagulitsa wosasinja, wonyala ndi wowola umathera mu nsinjiro ndi chiponde chopanda dzina, momwe maso sangaone. Ngati phala la adzukulu mumathiramo nsinjiro, gulani mtedza wathunthu, musankhe nokha, wonyala, wothyoka ndi wowawa mutaye, kenako musinje. Zosankhidwa zowolazo musapatse nkhuku kapena ng'ombe yamkaka, chifukwa aflatoxin amadutsa n'kukapezeka mumkaka, ndipo musagulitse kwa ofulula mowa.